Khomo Loyang'ana Kuchitsime

Agogo anga aakazi ndikawakumbukira, chimene chimandibwerera ndi fungo la dothi lonyowa ndi la lona yakale yofolera msasa imene tinachoka nayo kukampu ya othawa nkhondo ku Malawi, ija inkalira ngati ng'oma mvula ikamagwa. Tinabwerera kumudzi kwathu kufupi ndi Milange ndili ndi zaka zisanu ndi zinayi. Nyumba sitinaipeze. Tinapeza tchire, mafuwa atatu akuda ndi chitsa cha mango.

Malume anati timange kumtunda, poti pamalo akalewo madzi ankadikha. Agogo anangokhala pansi pomwepo.

"Lozina anasiya nyumba pano," anatero. "Akabwera akatifune kuti?"

Lozina ndi mayi anga. Asilikali anawatenga kuchitsime ine ndikuyamwa, ndipo agogo ndiwo anawoloka nane mtsinje wa Ruo nditaberekedwa kumbuyo. Malume anapukusa mutu n'kukamanga yawo kumtunda, ine n'kutsala woponda dothi.

Tinkaumba zidina kuyambira m'mamawa, agogo akukanda matope ndi zala zong'aluka, uku akutsokomola, ine ndikusenza madzi mpaka khosi kuuma. Khomo analiyang'anitsa kuchitsime monga linalili kale. Mvula itabwera, khoma lakumbuyo linagwa. Chaka chotsatira linagwanso. Kusukulu ndinkapita mwa apo ndi apo, ndipo aphunzitsi, amene tinkawatchula kuti apulofesolo, atatopa n'kundifunsa m'Chipwitikizi chimene sindinkachimva, anasiya kuitana dzina langa. Nanenso ndinasiya kupita.

Tsiku lina ndinaponya chikombole pansi.

"Agogo, munthu ameneyu anafa. Tikumangira mtembo."

Sanandimenye. Anatola chikombolecho, kuchipukuta ndi chitenje chawo, n'kundipatsanso.

"Amuna anga, manda ake munawaona?"

"Ayi."

"Ndiye pondani dothi."

Anamwalirira m'nyumba momwemo, mphasa yawo ili pafupi ndi khomo. Pamaliro anthu ankawatama kuti anali mayi wolimba mtima. Ine ndimati anandidyera sukulu chifukwa cha munthu wosabwera, ndipo mpaka pano sindinawakhululukire.

Masiku ano ndimanyamula katundu wa amalonda pamalire a dziko lathu ndi Malawi. Malume andiuza kangapo kuti ndisamukire kumtunda, ndimangoti ndamva. Khoma lija lagwanso chaka chino, zidina ndaumba kale. Pamalirepo pakamadutsa mayi wachikulire wochokera kutali ndimamuyang'anitsitsa kumaso, chonsecho nkhope ya mayi anga sindiidziwa.