Malata a apongozi anga

Ntchito yanga yoyamba ndinaipeza chifukwa cha pakamwa panga posatseka. Ndinali nditangokwatira kwa Mwambo, m'mudzi wina kufupi ndi nyanja ya Chilwa, boma la Chitaganya litangoyamba kumene. Ndinali mkamwini wopanda kanthu: khasu lobwereka, kabudula mmodzi, ndi Sitandade 4 ya kumishoni m'mutu. Tsiku lina ndili padoko ndinapeza a Muhiwa, eni sitolo ya kumsewu, akugula matemba ouma. Msodzi ankathira ndi chitini cha palafini, iwo akuwerenga mokweza. Chitini cha khumi chitathiridwa, iwo anafuula kuti leveni.

"Bwana, mwadumpha," ndinatero ine wosafunsidwa. "Mulipira chitini cha mphepo."

Msodzi uja anandiyang'ana ngati ndamulanda mkazi. A Muhiwa anakhuthula thumba, n'kuwerenganso, n'kupeza khumi. Anandifunsa dzina, ndinati Fabiano. Anandifunsa ngati ndimatha kulemba ndi kupalasa njinga. Kulemba ndinkatha. Za njinga ndinanama, ndipo zipsera zake zikadali m'maondo mpaka lero. Lolemba lotsatira ndinali kalaliki, malipiro a mwezi ofanana ndi mtengo wa thumba limodzi la mpunga.

A Muhiwa anali munthu wansangala, wonenepa, woseka mpaka kutsokomola. Anakhala zaka zambiri ku Halale akugwira m'sitolo ya mwini, ndipo anabwerako ndi njinga ziwiri ndi nzeru zamalonda zimene kwathu tinali tisanazione. Ankagula nsomba ndi mpunga, n'kumagulitsa mchere, sopo, nsalu ndi malata. Zida zanga anandipatsa tsiku loyamba lomwe. Panali sikelo ya mbedza imene ndinkaipachika panthambi ya mtengo. Panali singano yaikulu ndi chingwe cha khonje zosokera matumba. Panali kachitsulo kamphako kobayira thumba, kuti nditulutse mpunga wa pakati penipeni, poti ena ankabisa mankhusu ndi mchenga mmenemo. Mpunga ukatuluka ndinkauluma: wouma umathetheka pa dzino, wauwisi umangophwanyika mwakachetechete. Ndiye panali buku lakuda ndi pensulo ya inki, ija yofuna malovu kuti ilembe. Anthu ankandidziwira patali ndi lilime lofiirira.

M'buku lakudalo munali za malata. Masiku amenewo denga la malata linali ulemu waukulu. Nyumba ikawala dzuwa, a m'bwato ankaiona ali pakati pa nyanja n'kumafunsana kuti ndi ya ndani. Koma ndalama ya kamodzi anali nayo ndani? Choncho a Muhiwa ankapereka malata ndi misomali yake lero, munthu n'kumabweza mpunga chaka ndi chaka pokolola. Chikole chinali denga lomwelo. Ukalephera, timabwera kudzazula. Munthu ankadinda chala m'buku pamaso pa mboni ziwiri, n'kupita kwawo akuvina.

Sabata yoyamba ndinkaphunzira bukulo. Pa tsamba lina panali dzina la a Jailosi, apongozi anga aamuna, bambo ake a Rozina mkazi wanga. Malata makumi awiri ndi anayi. Mtengo wake wa pompopompo unali matumba khumi ndi awiri, koma iwo anadinda kuti azipereka matumba atatu pachaka kwa zaka zisanu ndi ziwiri. Ndinawerenga ndi zala: makumi awiri ndi limodzi. Zaka zinayi anali atapereka kale. Ndinatseka buku, osauza munthu. Mkamwini wa miyezi itatu angayambe bwanji kufunsa ngongole za eni mudzi?

Muyenera kudziwa mmene tinkakhalira. Kwathu mwamuna amapita kukakhala kwa mkazi, ndipo malo, dimba ndi nkhokwe ndi za akazi. Nyumba yamalatayo inaima pamalo a apongozi anga aakazi, mpunga wobweza ngongole unkachokera m'dimba mwawo, a Jailosi anangoikapo chala basi. Kanyumba kanga kaudzu kanali kuseri kwake. Ndiponso mwambo sunkalola kuti ine ndi apongozi aakazi tionane maso kapena kulankhulana. Tikakumana panjira, aliyense ankapatukira kwake. Tsiku lina ndinawatulukira pamchera wa dimba, popanda kothawira, ndipo ndinadumphira m'matope mpaka m'chiuno, njinga ndi sikelo zomwe. Iwo anadutsa atayang'ana kumbali, mapewa akugwedera ndi kuseka.

Mpunga unacha, tinakolola, anthu anayamba kubweretsa matumba. A kwa Jailosi sanabwere. A Muhiwa anatuma uthenga kawiri, yankho n'kubwera limodzimodzi: ngongole inatha chaka chatha. M'mawa wina wa Juni, kukuzizira, anandiitana n'kundipatsa nyundo ya mano ndi kathabwa.

"Uyambire lata la pamsonga," anatero. "Kathabwaka uziika pansi pa nyundo kuti usapinde lata. Misomali usataye. Ngolo ikupeza dzuwa likapendeka."

"Bwana, amenewo ndi apongozi anga."

"Ndikudziwa. Ntchito ilibe apongozi. Ndikawasiya amenewa, mawa buku lonse likana. Ubwere ndi matumba kapena malata. Ukabwera chimanjamanja, unditulire njinga yanga."

Ndinakwera njinga n'kuuyamba ulendo. Ndinkaopa kwambiri. Ndikazula denga, ndidzadya kwa yani? Ndikapanda kuzula, msonkho ndidzalipira ndi chiyani? Nditafika ndinafunsa za a Jailosi. Rozina anati analawirira ku chilumba cha Chisi kukaona maukonde, ndipo sananene tsiku lobwera. Akuluakulu aja anali ndi mphuno yonunkhiza mavuto!

Choncho nkhani inatsala kwa ine ndi munthu amene sindinkaloledwa kumulankhula. Ndinakhala pamphasa kuno kwa mpanda waudzu, apongozi anakhala kuseri kwake, Rozina anaima pakhomo la mpanda ngati mthenga. Mawu a apongozi anga ankamveka mpaka kudoko, koma mwambo ndi mwambo, Rozina ankabwerezabe chilichonse.

"Iwe Rozina, uwauze amuna akowo kuti ine si mwana. Ndinafunsa ndekha mtengo wa malata ku Songani. Ndi matumba khumi ndi awiri. Ndapereka khumi ndi awiri, opeta ndi manja angawa. Buku lawolo likufunanso chiyani?"

"Akuti iwo si mwana," anayamba Rozina.

"Ndamva, mayi," ndinatero kwa Rozina. "Tandipatsani lichero ndi chimanga pang'ono."

Kuwerenga za m'buku sikukanathandiza, poti iwo sankadziwa zilembo. Ndinatongola chimanga n'kuika palichero timilu tisanu ndi tiwiri, kamulu kalikonse maso atatu. Ndinauza Rozina kuti kamulu kamodzi ndi chaka chimodzi, diso limodzi ndi thumba limodzi. Timilu tinayi ndinatikankhira kumanzere: zimenezo zaperekedwa. Titatu tinatsala kumanja. Rozina ananyamula lichero mosamala ngati muli mazira, n'kulowa nalo kuseri.

Ndinangomva chala chikukhwekhwereza chimanga palichero. Anawerenga kawiri, mwina katatu.

"Ogo!" anatero potsiriza, mawu atatsika. "Bambo ako anabwera akuseka, amvekere matumba atatu okha pachaka. Atatu okha! Ine ndinati n'zochepa zimenezo, dimba langa silingalephere. Za zaka sananene. Inenso sindinafunse." Anakhwekhwerezanso chimanga. "Nanga asanu ndi anayi otsalawa ndi a chiyani? Malata ake ali kuti?"

"Muwauze kuti ndi mtengo wa kudikira," ndinayankha. "Abwana anadikira, ndiye kudikirako n'kolipira."

"Kudikirako kuli ndi denga? Ndingakugonemo?"

Ndinawamvera chisoni, poti ndinkawaona mbandakucha uliwonse akupita kudimba, miyendo yotupa ndi misundu. Koma dzuwa linali kukwera, ndipo ndinanena zimene anandituma: matumba atatu lero, apo ayi denga litsike.

Ndinamva akudzuka, chitseko n'kulira. Kenaka mawu anachokera m'kati mwa nyumba.

"Uwauze akwere azule! Ine ndili kuchipinda kuno, ndikusintha nsalu. Ndipo ndisintha mpaka mawa."

Kalanga ine! Nyumba za nthawi imeneyo zinalibe siling'i. Ukachotsa lata limodzi, maso ako agwera m'chipinda. Mkamwini amene amadumphira m'matope kuopa kuona nkhope ya apongozi, lero awasuzumire kuchokera padenga? Amayi a m'mudzi anali atadzaza kale pabwalo, ana kumsana, ngati kuli gule. Ndinaimikabe makwerero, kuti pasadzakhale wonena kuti sindinayese. Ndinakwera phazi limodzi, lachiwiri. Mayi wina anafuula, "Kwerani akalaliki, mukatiuze zimene muone!" Bwalo lonse linagwa ndi phwete, Rozina yemwe. Ndinatsika n'kumangirira nyundo panjinga.

Ngolo ndinakumana nayo panjira. Ndinapempha woyendetsa kuti amasule ng'ombe pamthunzi, adikire. Kusitolo ndinafotokoza zonse osabisa. A Muhiwa anaseka mpaka kugwira kauntala, anatsokomola, anapukuta misozi, kenaka nkhope inauma.

"Tula njinga."

"Nditula, bwana, koma ndiloleni ndiwerenge kamodzi komaliza." Ndinatapa chimanga cha m'sitolo n'kuyala pakauntala. "Mtengo wa malata munalandira kale wonse. Otsalawa ndi naini, koma abwera pang'onopang'ono zaka zitatu, ngati nyanja sisefukira m'madimba, ngati mbalame sizitha mpunga. Mukazula, mupeza malata a zaka zinayi, lililonse lobooka ndi misomali. Agula ndani? Ndipo anthu akamva kuti munazula denga la mayi amene anapereka khumi ndi awiri, adzabweranso kudzadinda chala?"

"Ndiye ukuti bwanji?"

"Landirani anayi sabata ino, titseke tsamba. Fodya wako ndi amene ali pamphuno."

"Wayamba kundiphera miyambi m'sitolo mwanga? Sikisi."

Tinakokana mpaka tinagwirizana asanu, ofika Loweruka lisanathe. Ndinathamanga kukabweza ngolo. Koma vuto linatsala: apongozi anali ndi matumba atatu okha oti angatulutse, ena onse anali chakudya ndi mbewu. Awiri otsalawo ndinauza a Muhiwa kuti adule pamalipiro anga. Miyezi iwiri ndinapalasa njinga yaulere. Nsalu imene ndinalonjeza Rozina inasanduka nthano, ndipo anandikumbutsa za iyo tsiku lililonse mpaka Ogasiti. Loweruka ndinapima matumba atatu aja ndi sikelo yanga, ndinanyowetsa pensulo, n'kujambula mzere pa tsamba la a Jailosi kuchokera pamwamba mpaka pansi. Eni dzina anabwera kuchokera ku Chisi Lamulungu, atanyamula milamba iwiri, akufunsa ngati kunagwa chilichonse iwo kulibe. Zimene anawayankha akazi awo sindingazilembe pano.

Kuyambira pamenepo munthu sankadinda chala m'buku langa ndisanamuyalire chimanga. Ndinkaika mulu wa mtengo wa lero uku, mulu wa zaka zonse uku, n'kumuuza kuti aitanenso mayi amene adzalime mpungawo adzaone. A Muhiwa ankadandaula kuti ndikuwathamangitsira makasitomala, ndipo n'zoona, ena ankaona milu ija n'kutembenuka. Koma amene ankadinda ankabweza popanda ndewu, ndipo nyundo ya mano sinatulukenso. A Muhiwa omwewo atandiuza kuti nditenge malata a nyumba yanga mwa njira yomweyo, ndinathokoza n'kukana. Ndinkagula limodzilimodzi ndikapeza ndalama, n'kumasunga kuseri kwa chitseko, mpaka anakwana patatha zaka zisanu ndi zitatu. Sindikunena kuti ngongole ya nyumba ndi tchimo, ayi, ena inawathandiza. Koma ana anga ndi adzukulu amadziwa kuti akabwera kwa ine ndi nkhani ya zochepa pamwezi, ndimawafunsa kuti mpaka liti, ndipo zonse pamodzi zikwana zingati, ndipo adzalime ndani.

Chaka chimene tinatseka tsamba la a Jailosi chija, mvula yoyamba inagwa masana, yamphamvu, ine ndisanafolere kanyumba kathu. Madzi ankalowa paliponse, ine ndi Rozina tikusuntha mphasa uku ndi uku. Kenaka tinamva mawu a apongozi aakazi kupyola phokoso la malata.

"Rozina! Uwauze amuna akowo abwere pakhonde pano, asanyowe ngati alibe denga. Matumba awo awiri aja, pamtengo wa ku Songani ndi malata anayi. Pamtengo wa abwana awo ndi atatu osakwana. Ndawerenga ndekha. Akhale pansi pa atatu a mbali ya kunyanjawo, asapitirire!"

Ndinathamanga ndi kampando kanga pamutu, n'kukakhala pamenepo nditafulatira chitseko. Sindinapitirire.