Manati a Kumanzere pa Lole ya Akamwini

Ine ntchito yanga inali ya pansi pa galimoto. Zaka zoposa makumi awiri ndinagwira ku Phiri la Dedza, pamalole otuta mitengo ya paini, ndipo mukafunse aliyense amene analiko ngati pali lole imodzi imene inaguluka tayala ine nditaigwira. Palibe. Sukulu ndinalekera panjira, izi ndikulembazi ndikuchita kutuluka nazo thukuta, koma nati ikamasuka ndimaimva. Mawu angawanso musandinene nawo. Munthu amene wakhala zaka zonsezo akulankhula pakati pa injini ndi macheka sangayankhule ngati ali pamaliro.

Kagwiridwe kanga kanali kamodzi tsiku ndi tsiku. Kuyala thumba pansi, kulowa chagada, kanyundo kali m'manja. Masipuling'i ndinkawasisita ndi dzanja limodzilimodzi kuti ndimve ngati lina lathyoka. Timapaipi ta mabuleki ndinkapititsapo chala n'kununkhiza, chifukwa mafuta a mabuleki ali ndi fungo lawolawo. Kenako girizi m'timawere take tonse, kenako kugwedeza tayala, dzanja lina pamwamba lina pansi. Pomaliza manati, kugogoda imodziimodzi. Nati yomanga bwino imalira nge, ngati kabelu. Yomasuka imangoti phu, ngati wagogoda dzungu.

Nditapuma ntchito ndi pamene anabwera matipate, ndale za zipani zambiri zija, ndipo galimoto zinachuluka mwadzidzidzi. Aliyense amene anakolola bwino mbatatesi ankabwera ndi galimoto yakale yochokera kunja. Ine ndinakumba dzenje pambali pa nyumba yanga, kufupi ndi msewu wopita ku Mayani, ndinayala njerwa m'mbali mwake, ndipo Loweruka lililonse galimoto zinkachita kundandalikira. Madalaivala ankati amabwerera girizi, koma ambiri ankabwerera kudzatukwanidwa ndi ine, chifukwa ndikapeza chinthu chomangidwa ndi waya ndinkalalata mpaka akumsika amve.

Galimoto imodzi yokha siinkabwera. Inali lole yaing'ono yoyera ya akamwini anga.

Akamwini angawo anali aphunzitsi, munthu wofatsa, wophunzira kumishoni, amene anakwatira mwana wanga wotsiriza. Anagula loleyo kuti azinyamulira kabichi ndi mbatatesi akaweruka. Kusabwera kwawo sikunali mwano ayi. Iwo zinkawachititsa manyazi kuti aime pamwamba, manja m'thumba, apongozi awo ali m'dzenje kumapazi kwawo. Analinso ndi buku la galimoto, lachingerezi, lomwe ankalikhulupirira. Nanenso sindikanawaitana. Kwathu kuno mkamwini sumulamula pamaso. Tikakumana panjira iwo ankapatuka n'kunjuta chapatali, timalonjerana, basi. Ukakhala ndi mawu umauza akazi ako, iwo auze mwana, mwana akauze mwamuna wake. Miyezi itatu loleyo inkadutsa pakhomo panga ine ndikungotchera khutu, mtima ukundiyabwa.

Tsiku lake linali Lamulungu, mwezi wozizira uja, nkhungu ili mbuu. Kwaya ya kwathu inaitanidwa kukaimba Misa kutchalitchi china cha kumbali ya ku Mphunzi, ndipo aphunzitsi anadzipereka kuinyamula. Akazi anga anali m'kwayamo. Mwana wanga, yemwe anali ndi pakati pooneka kale, anati akhala kutsogolo ndi mwamuna wake. Njira ya kumeneko ili ndi mtsetse wautali, wamiyala, ndipo kumunsi kwake msewu umakhota mwadzidzidzi n'kulowa pakamlatho. Ine sindinali paulendowo. Ndinangovala jekete langa la kutchalitchi kuti ndikawaperekeze ndi maso.

Nditafika pabwalo la tchalitchi ndinapeza azimayi akwera kale, afunda zitenje mpaka kumutu. Lole inaima mbali yake ya kumanzere itayandikira mpanda wa mikungudza. Kumeneko ndinamva chitsulo chikulira kwee, kenako amuna akuseka. Nditasuzumira ndinaona azibambo atatu oimba besi ali ndi sipanala ya matayala, alowetsako paipi yaitali, wonenepa kwambiri akuchita kudumphira papaipipo. Aphunzitsi anali ataima pambali akuloza nati yotsatira. Nati ikalira kwee n'kusuntha pang'ono, iwo ankati yagwira, n'kupita pa ina. Anali atayamba kumanja, tsopano akumaliza tayala la kumbuyo la kumanzere.

Maganizo awo anali abwino. Munthu wonyamula anthu ayenera kumanga manati asananyamuke. Koma ankapotera kumodzi konsekonse, mmene timatsekera botolo. Malole a mtundu umenewo sali choncho. Kumanja nati imamanga ngati botolo, inde, koma kumanzere mazinga ake, timizere tija tozungulira pabawuti, anawadula chobwerera, kuti tayala likamazungulira natiyo izilimbirako. Ukaipotera ngati botolo ukuimasula. Kwee ujayo sikunali kugwira, kunali kuleka. Manati onse a kumanzere, kutsogolo ndi kumbuyo, anali atawamasula ndi manja awo, ndipo pamtsetse paja, ndi kulemera kwa kwaya yonse, tayala likanatuluka lisanafike pamlatho.

Mawu anafika pakhosi. Akanakhala dalaivala wamba, akanandimva ndi a kutsidya kwa dambo. Koma awa anali akamwini anga, pamaso pa kwaya, pamaso pa makolo a ana amene ankawaphunzitsa. Ndinameza. Ndinapita kumbuyo kwa lole, ndinakodola akazi anga, n'kuwauza kuti akauze mwana kuti manati a kumanzere amasulidwa onse, lole isanyamuke. Akazi anga anati ndayambapo, koma anatsika, anakanong'oneza mwana pawindo. Mwana anaitana mwamuna wake n'kumuuza. Yankho linabwerera njira yomweyo, ndipo pofika kwa ine linali lakuti aphunzitsi akuthokoza kwambiri chifukwa cha mafuno abwino, matayala awamanga kale onse, apongozi asade nkhawa. Ndinafunsa akazi anga kuti ananena chiyani kwenikweni. Anati anauza mwana kuti bambo ake akuti muyende bwino, muonenso matayala. Anati zinazo sakanazinena, n'zamwano.

Apo n'kuti azibambo a besi akwera, aphunzitsi akupukuta manja, akutsegula chitseko.

Ndinavula chipewa, ndinachiika pamwala, ndinagona pansi chagada, n'kudzikankha ndi zidendene mpaka pakati pa lole, pansi penipeni pa injini. Thumba loyala pansi ndinalibe. Kanyundo kokha ndiko kanali m'thumba la jekete, popeza sindinkayenda osakatenga.

Pamwamba panga phokoso linatha. Ndinamva akazi anga akuuza anzawo kuti jekete limenelo analisita dzulo ndi makala obwereka moto kwa aneba, ndipo kuti munthu ameneyu tsiku lomuika m'manda adzayamba wafunsa ngati bokosi alithira girizi. Azimayi anaseka. Kenako ndinaona nsapato zakuda zopolishidwa zikuzungulira, zinaima, ndipo aphunzitsi ananjuta mwaulemu wawo uja, mutu ataupendeketsa.

"Bambo, kodi kwagwanji pansipo?"

"Ndikuona girizi, aphunzitsi."

"Nthawi yatithera, bambo. Misa ya kumeneko iyamba tisanafike."

"Ndiye lizani injini muzipita. Ine musandiwerengere."

Injini sinalire. Munthu sangalize injini apongozi ake ali pansi pake, ndipo onse amene anali pamenepo ankadziwa zimenezo. Ndinawauza kuti pali kanthu kena kamene maso anga okalamba sakukaona bwino, mwina iwo atalowa angandiwerengere. Anayang'ana malaya awo oyera, anayang'ana dothi lonyowa ndi mame. Kenako analowa, tayi ali m'khosi.

Chikwatirire mwana wanga tinali tisanayandikanepo choncho. Phewa lawo linagunda langa, onse awiri tikuyang'ana kumimba kwa lole ngati anthu owothera dzuwa. Ndinawatsogolera chokwawa mpaka kutayala la kutsogolo la kumanzere, tinatulutsa mitu kumbali ya mikungudza kumene kunalibe anthu. Pamenepo ndinanong'ona. Ndinawauza kuti agwire kumapeto kwa bawuti ndi chikhadabo, atsatire mzere wa mazinga, aone kumene ukulowera. Anatsatira. Anabwerezanso. Ndinagogoda nati ndi kanyundo, inati phu. Ina, phu. Ndinawafotokozera za malole a kuphiri, za mazinga obwerera, ndi chifukwa chake anawapanga choncho.

Nkhope yawo inasintha. Anayang'ana m'mwamba, kumene kunali mapazi a anthu pamatabwa, kenako chakutsogolo kumene kunakhala mkazi wawo.

"Ndiye kuti tamasula onse," anatero.

"Onse. Koma palibe amene akudziwa. Inu tulukani, mukawauze kuti mwakumbukira zimene linanena buku lanu lija. Ine nditsala muno ndi girizi wangayu."

Ndinkaona ngati ndachita zanzeru kwambiri. Koma iwo atangotulutsa miyendo, lole yonse inali ikugwedezeka ndi kuseka, moti nanenso ndinatuluka. Mayi wina wamkulu, amene ankayambitsa nyimbo, anaweramira kunja n'kundiuza kuti ngati kumeneko ndiye kunong'ona kwanga, ndisadzayerekeze kukalapa kuli anthu pamzere. Anati mawu onse amveka kudzera m'matabwa, mpaka za buku zomwe. Bambo wonenepa uja anabisa nkhope m'chipewa.

Ine kuseka sikunandifike. Ndinayang'ana akamwini anga. Chimene ndinkapewa chija chinali chitachitika, ndipo ndi pakamwa panga pomwe. Munthu wophunzira, wayalutsidwa pabwalo la tchalitchi ndi mpongozi wosatha kuwerenga buku. Akanatha kukwiya, kukwera, n'kunena kuti lole ndi yawo. Anaima, msana wonse uli matope, akuyang'ana pansi. Mwana wanga anali atatsegula chitseko, akuyang'ana mwamuna wake, akuyang'ana ine.

Aphunzitsi anamasula tayi n'kupatsira mkazi wawo. Anauza kwaya kuti onse atsike. Kenako anatola sipanala ija, anabwera pamene ndinaima, anagwada bondo limodzi n'kundipatsa ndi manja awiri.

"Lero kalasi ndi yanu, bambo. Tiyambire pati?"

Amene anandiona tsiku limenelo amati ndinatupa ngati finye. Mwina n'zoona. Mawu anga ndinawamasula onse. Ndinatuma a besi kukatola miyala yotsekera matayala, ndinaika jeke, tinakweza mbali ya kumanzere kuti tayala likhale bwino pamalo pake tisanamange. Ndinawaonetsa kuti manati samangidwa motsatana ngati mikanda, umamanga iyi, n'kudumphira yoyang'anizana nayo, kuti tayala lisapendekeke. Wonenepa uja ndinamuletsa kudumpha. Ndinamuuza kuti thupi limenelo alisungire nyimbo, bawuti imafuna mphamvu ya mikono, ukaidumphira imaduka. Iye anati kunyumba kwake amamuuzanso zomwezo za mipando. Azimayi, poona kuti ntchito itenga nthawi, anayamba kuyeserera nyimbo zawo pomwepo, ndipo paipi inkakokedwa motsatira nyimbo.

Titatsitsa jeke ndinapereka kanyundo kwa aphunzitsi. Poyamba sankamva kusiyana. Ndinamasula nati imodzi dala, ndinawauza atseke maso, agogode onse. Anaipeza ulendo wachiwiri, ndipo anaseka ngati mwana wa sukulu amene wakhoza samu. Ndinalowanso pansi kamodzi, popeza jekete linali litapita kale, ndinaona mabuleki, ndinaona masipuling'i. Zonse zinali bwino. Loleyo anaisamala, ndisaname, ndipo ndinanena zimenezo mokweza kuti onse amve.

Pokwera, aphunzitsi anati sanyamuka ine nditatsala. Ndinakana kawiri monga mwa ulemu, kachitatu ndinali nditakwera kale. Anandikhazika kutsogolo, mwana wanga pakati, chifukwa ngakhale zinthu zitasintha bwanji mpongozi ndi mkamwini sangagundane mawondo pamaso pa anthu. Tinatsika mtsetse uja pang'onopang'ono, injini ikubuula, miyala ikuthethekera m'mbali, kumbuyo nyimbo ili pakamwa. Ine khutu langa linali kutayala la pansi panga. Mwana wanga anandigwira mkono pamene tinkakhota.

Titawoloka kamlatho aphunzitsi anaimitsa lole okha, ine osawauza. Tinali titachedwa kale, koma anatsika, anapempha kwaya ikhale chete, n'kuzungulira kumanzere. Ine ndinakhala pampando, windo lili lotsegula. Nge. Nge. Nge. Ndinawerenga manati onse a kutsogolo, ndinawerenga onse a kumbuyo, panalibe ndi imodzi yomwe yolira ngati dzungu. Anabwera pawindo langa, anafunsa ngati ndamva.

Ndinawauza kuti ndamva, ndipo ayendetse msanga, mwina tikapeza ulaliki usanathe.