Mayi wa Womenya ndi Womenyedwa

Mayi Dorica Kamwendo anabadwira m'mudzi wina kumunsi kwa Mua, ndipo ndi komweko komwe akalambira akulima mpunga kudambo. Anabereka ana asanu ndi mmodzi, koma anayi anawaika m'manda akadali aang'ono. Anatsala Fatsani ndi mng'ono wake Onani. Bambo a anawo pomwalira anasiya ngolo ndi ng'ombe ziwiri zomwe zinkatuta njerwa ndi mchenga wa anthu mpaka ku Golomoti, koma sananene mwini wake.

Kwa zaka zitatu abalewo ankasinthana masabata. Chaka chachinayi, nthawi yokolola, Fatsani anamanga ng'ombe pangolo pa sabata ya mng'ono wake. Anakangana pakhola m'mawa, mayi awo akuona. Onani anasolola mtengo wotsekera khola n'kumenya mkulu wake, mkono n'kuthyoka. Tsiku lomwelo mmodzi anagonekedwa kuchipatala, winayo m'chitokosi cha apolisi.

Kuyambira pamenepo mayi Dorica ankagawa chakudya pawiri. M'mawa ankapita kuchipatala wapansi, masana n'kukwera kabaza wa kupolisi. Mapazi anatupa, nsalu inayamba kukhwepa m'chiuno. Anthu akawafunsa za mwana mmodzi, iwo ankayankha za winayo.

Wapolisi wina wamayi anawamvera chisoni. "Amayi, mlanduwu ukazengedwa, mwana wanu akhoza kukagwira ukaidi. Koma womenyedwayo akakanena yekha kukhoti kuti mwagwirizana pachibale, mwina woweruza akhoza kulola. Inuyo simungautseke, wodandaula si inu."

Fatsani atatuluka m'chipatala, mayi ake anapita kunyumba kwake. Anamupeza pakhonde, mkono uli m'chikhakha. Anagwada pansi pamaso pa mwana wawo.

"Dzukani amayi, anthu akuona," anatero Fatsani.

"Sindidzuka. Mng'ono wako akutsokomola, akugona pasimenti. Akapita kundende, ana ake atatu aja ndiwauza chiyani?"

"Nanga anga? Mtengo uja unkalunjika kumutu. Ndikanapanda kutchinga ndi mkonowu, bwenzi mutandiika kale."

 Zinali zoona, mayi Dorica anaziona ndi maso awo.

Anabwerera kawiri konse, osaphula kanthu. Tsiku la khoti litatsala masiku anayi, anatenga mlongo wawo a Gabriel, malume a anawo. Anakhala ndi Fatsani pansi pa mtengo wa mango kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka. Pomaliza Fatsani ananena zofuna zake. Ngolo ndi ng'ombe zikhale zake. Onani asamuke, apite kwawo kwa mkazi wake ku Mchinji, ndipo asadzapondenso pamudzi.

"Ngakhale pa maliro anga?" anafunsa mayi Dorica.

Fatsani anayankha kuti, "Pa maliro adzabwere, koma asadzagone."

A Gabriel anafuna kutsutsa, koma mlongo wawo anawagwira bondo. Ankaopa kuti mawu amodzi okha angagwetse zonse.

Mawa lake mayi Dorica anakatula uthengawo kupolisi. Onani anamvetsera atagwira zitsulo za pachitseko, ndevu zili nyankhalala.

"Ndiye kuti mwasankha achimwene."

"Sindinasankhe munthu, mwana wanga. Ndapereka zomwe zinalipo. Vomera, ndakupempha. Ndi chifuwa chimenechi kundende sukabwerako."

"Nyumba yanga ndinaumba njerwa ndekha, amayi."

"Ndikudziwa. Vomera basi."

Onani anatembenukira kukhoma. Wapolisi atanena kuti nthawi yatha, m'pamene anayankha chapansipansi kuti wavomera.

Kukhoti sizinatenge nthawi. Woweruza anafunsa Fatsani ngati wina wamuumiriza, iye anati ayi. Anamufunsa ngati wakhululuka, iye anati agwirizana. Woweruzayo anabwereza funsolo, yankho n'kukhala lomwelo. Analemba, nachenjeza Onani, n'kumumasula. Panja azimayi a kumphakati anawagwira chanza mayi Dorica, kuti Mulungu wayankha. Iwo anathokoza, kenako anakhala pansi pafumbi.

Loweruka lotsatira Onani anakweza katundu pa minibasi pa Mtakataka, iye ndi mkazi wake Beatrice ndi ana. Mayi ake anabweretsa kathumba ka mpunga. Beatrice ndiye analandira. Onani anali atalowa kale, nkhope ataloza kwina.

Papita zaka ziwiri tsopano. Mayi Dorica akaimba foni, amayankha ndi Beatrice, n'kunena kuti bambo a ana ali kumunda. Mkono wa Fatsani sunawongoke bwino, ndipo nkhani ya mng'ono wake safuna kuimva. Nyumba ya Onani ikadalipo, moyang'anana ndi ya mayi ake, denga litagwa mbali imodzi. Mwezi wathawu Fatsani anati aigumule kuti njerwazo amangire khola la nkhumba. Mayi Dorica anatenga mkeka wawo n'kusamukiramo, ndipo mvula ikamagwa amakokera mkekawo kumbali yomwe sikudontha.