Digory Trewin, Wosoka Matanga wa Lydia Thorne

Ife a padoko la Hobart timamukumbukira Digory Trewin ali nkhalamba, akusoka matumba m'chombo chakutha chosungiramo malasha. Chombocho chinali Lydia Thorne. Milongoti yomangirirapo matanga, nsalu zazikulu zogwira mphepo, anaidula kalekale, koma wosoka matanga wake sanachokemo.

Digory anachikwera kwawo ku Plymouth chikadali chatsopano, chikunyamula tiyi ndi shuga. Kupatula matanga, munthu akafera panyanja, iyeyo ndiye ankamusokera m'chinsalu chake chogonamo, chitsulo kumapazi. Mwambo wa amalinyero unali woti pomaliza singano iboole mphuno ya malemuyo, kuti ngati mpweya ukadalimo adzidzimuke asanamuponye m'madzi. Digory ankazichita akuimba mluzu.

Malonda atalowa pansi, eni chombo anachibwereketsa ku boma. Momwe munkakhala mabokosi a tiyi anakhomamo zitsulo ndi matabwa ogonapo akaidi. Digory anafuna kusiya ntchito. Koma chaka chomwecho mng'ono wake Malachi anagwidwa ataba nkhosa, ndipo khoti linagamula kuti akakhale kuno kutsidya kwa nyanja moyo wake wonse. Anamukweza m'chombo chomwechi.

"Ukamufikitse wamoyo," anatero mayi awo kwa Digory padoko. "Kumuona sindidzamuonanso, koma ndidzamve kuti akuponda nthaka."

Akaidi akawatulutsa kuti awothere dzuwa, Digory ankayala thanga pafupi ndi mpanda wawo.

"Achimwene, tandisokerani bulukuli," Malachi ankatero. "Nsabwe zikuthawira pachibowo, nditsala ndekha."

"Ukanaba nkhosa yonenepa, bwenzi ndikukupatsa ulemu. Kuwoloka nyanja yonseyi chifukwa cha mafupa aja!"

"Mafupa omwewo munadya nawo msuzi wake, a wosoka."

Digory ankamuponyera mabisiketi ake mobisa, iye n'kugona ndi njala. Koma atapitirira doko la Cape, kamwazi analowa m'chipinda cha akaidi. Malachi anaonda n'kutsala pakamwa pokha.

"Mukamadzandisoka, mphunoyi muisiye," anauza mkulu wake atabwera kudzamuzonda kwa dokotala. "Ndi chokhacho chabwino chimene Mulungu anandipatsa."

"Khala chete, chitsiru iwe. Ndidzakusokera malaya aukwati."

"Sindikuseka, achimwene. Ndaona momwe mumachitira. Ndikuopa."

Digory analonjeza.

M'mawa wina dokotala anati Malachi watisiya. Anamutulutsira pamwamba pa chombo, ndipo Digory anayamba kusoka kuchokera kumapazi. Atafika pankhope, dzanja linaima. Dokotalayo anali wotopa, mitembo itamuchulukira, ndipo thupili linali lisanazizire kwenikweni. Kuisiya mphuno, mwina aponya m'madzi munthu wamoyo, yemwe mayi anamusungitsa. Kuiboola, aphwanya mawu amene anapatsa wakufa.

"Fulumira, Trewin, mphepo ikusintha," anatero kaputeni, buku la mapemphero lili m'manja.

Digory anabaya. Anabaya pang'onopang'ono, maso ali pazikope za mng'ono wake, akuchonderera Mulungu chamumtima kuti munthuyu akuwe, amutukwane. Malachi sanagwedezeke.

Chombo chitabwerera ku Plymouth, Digory sanatsike. Anatuma mnzake kukauza mayi. Lydia Thorne anatutanso akaidi maulendo ena, kenaka ubweya wa nkhosa, mpaka matabwa atayamba kuwola anamumangirira padoko pathu. Zaka zonsezo Digory anasoka mitembo yambiri, mwambo osauphonya, koma mluzu uja sunamvekenso.

Amayi a mpingo tinkamupititsira buledi ndi msuzi pabwato. Abusa anamupezera chipinda kumtunda, iye anakana.

"Malachi sanaiponde nthakayo," anatero. "Ine ndikaiponde ngati ndani?"

Anafera m'chombomo nyengo yozizira. Tinamusokera m'chidutswa cha thanga lakale, monga anapempha. Wamalinyero wina wokalamba anatikumbutsa za mwambo, natipatsa singano ya Digory. Tinayang'anana. Palibe amene anailandira, ndipo tinakamuika kumanda a kuphiri mphuno yake ili yosaboola.