Chiphaso cha Msonkho cha Bambo Anga

Tsiku limenelo mayi ankatong'ola chimanga pakhonde, ine ndikuingitsa nkhuku. Ndinali mtsikana wa zaka khumi. Mudzi wathu unali ku Mozambique, kufupi ndi malire a Malawi, nthawi ya Apwitikizi.

Asilikali awo anayi anali atakhala m'nyumba mwathu miyezi iwiri. Sanapemphe. Anangofika n'kuponya majombo pamphasa ya bambo. Ife tinkagona kukhitchini pamodzi ndi mbuzi. Nkhuku zinatsala ziwiri zokha, koma msonkho sanatichotsere ngakhale pang'ono. Mpaka lero zimandipsetsa mtima.

Bambo ankasunga chiphaso cha msonkho kudenga, chotsomeka mu udzu. Mwamuna wopezeka pamsewu wopanda chiphasocho ankamangidwa n'kupita naye kuchibalo, kuntchito yokakamiza.

Mfuti zinayamba kulira kudambo dzuwa lili paliwombo. Omenyera ufulu anali atafika. Mayi anabereka khanda lawo kumsana n'kutsogola ndi amayi anzawo. Ine ndinatsalira m'mbuyo ndi bambo, tikukoka mbuzi.

Titafika pamtsinje, bambo anapisa m'thumba la malaya. Anaima.

"Tsatira anthuwa," anatero. "Ndikatenge chiphaso. Ndikupezani."

Anandipatsa chingwe cha mbuzi. Anabwerera chothamanga, opanda nsapato.

Mayi ndinawapeza m'mawa mwake pasukulu ina, titalowa kale m'Malawi. Anthu akumeneko anatipatsa madzi ndi mbatata zophika. Palibe amene anafunsa chiphaso cha munthu.

Ndinawauza mayi chomwe bambo anabwerera. Anamasula mfundo yakumpango kwawo. Chiphaso chinali momwemo, chopindidwa kanayi. Anali atachichotsa kudenga masiku apitawo, ataona msilikali akupichirira fodya papepala lililonse lomwe wapeza. Anaiwala kuwauza bambo.

Tsopano ndili ku Doha, ku Al Khulaifat, kwa mwana wanga Esinati amene amagwira ntchito kuhotela. Ndinabwera kudzalera mdzukulu. Lachisanu, tsiku lopuma kuno, tikamanyamuka kupita kutchalitchi ku Abu Hamour, ndimaima pakhomo. Aliyense atulutse chiphaso chake ndichione ndi maso angawa, mpongozi yemwe.

"Amama, yalla, tiyeni, bus itisiyatu! Ma ID tili nawo," amatero Esinati, akuseka.

Ndimamusiya aseke. Ndalemba izi kuti tsiku lina adzawerenge.

Mayi anakhala ndi moyo mpaka kukalamba. Chiphasocho sichinachoke kumpango kwawo, ndipo tinawaika nacho m'manda. Khanda lija linakula, lero ndi agogo a anthu. Mbuzi ija inaswa kawiri.

Bambo sanatipeze.