Mpendadzuwa wa amayi apampando

Tikukhala ku Monkey Bay, kumene bambo akunyumba ankaphunzitsa, ndinadzala mpendadzuwa kuseri kwa nyumba kuti ndizipeza nsinjiro. Utangochita maluwa, amayi apampando a chipani, amene tinayandikana nawo nyumba, anatulukira ndi chikwanje. Anadula maluwa onse kuti akakongoletsere nsanja ya mlendo wamkulu. Masiku amenewo ukayankha unkagona kupolisi, choncho ndinawathandiza kunyamula, mtima ukuwira.

Chaka chotsatira anabwera akumwetulira. "Anzanga, mpendadzuwa uja mumadzala liti? Nanenso ndikuufuna."

Ndinagwada mwaulemu n'kuwapatsa mbewu yodzaza mbale. "Mvula yoyamba ikangogwa, mayi, musachedwe. Dzalani tsiku limodzi ndi chimanga."

Komatu mpendadzuwa sufuna phuma. Umadzalidwa Chaka Chatsopano chikadutsa, kuti mitu yake ikhwime mvula italeka. Wawo unakula msanga, ndipo ankaitana aliyense wodutsa kuti adzaone. Kenako mvula ya mu Febuluwale inalowa m'mitu muja. Mituyo inada bii, n'kuwola, fungo lake ngati usipa wokanika kuuma.

Wanga ndinadzala mu Januwale, mizere yake mpaka kukagunda mpanda wawo. Mpendadzuwa ukakula umaleka kutsatira dzuwa, umangoyang'ana kum'mawa, ndipo kum'mawa kwa munda wanga kunali khomo lawo. Akamatuluka ndi tsache m'mawa, ankapeza maluwa onse akuwayang'ana, ine nditaima pakati pake.

"Mwadzuka bwanji, mayi? Nanga wanu uja mukolola liti?"