Njira ya Phulusa ku Manda Akale

Ndinadzidzimuka kunja kusanache. Sindinganene kuti ndinagona, ndinangowodzera nditatsamira khoma, mtembo wa amayi uli pamphasa pafupi ndi mawondo anga. M'nyumba munali modzaza azimayi. Amene anaimba usiku wonse mawu anali atawathera, ena atagona chokhala, nsalu zawo za kapulana zili kumutu. Panja amuna anali atazungulira chitsa cha moto, akulankhula motsitsa. Amayi anamwalira dzulo lake masana, ndipo ndi kutentha kwa nyengo imeneyo, mvula isanayambe, aliyense ankadziwa kuti maliro sangagonenso m'nyumba.

Tinali tisanakhalitse chibwerereni kuchokera ku Malawi, kumene tinathawira nkhondo. Amayi anabwera akudwala kale. Anthu akamawafunsa kuti akuvutikiranji ndi ulendo, ankayankha kuti iwo sanabwerere munda, abwerera manda. Ankafuna kukagona pafupi ndi amayi awo ku manda akale, m'nkhalango ya kuseri kwa dambo. Koma pakati pa mudzi ndi mandawo panali tchire limene palibe ankalipondanso. M'menemo munali mabomba okwirira pansi, amene kwathu timati mina. Titangobwerera kumene, bambo wina analowa m'tchiremo kukadula mitengo ya denga, anaponda imodzi, ndipo anamutola m'mapisi. Kuyambira pamenepo akufa athu onse tinkawaika m'mbali mwa msewu.

Munthu mmodzi yekha m'mudzi monse ankadziwa pamene minazo zinali, ndipo ameneyo anali mlongo wanga wamng'ono. Asilikali a kutchire anamugwira ali kumunda tsiku limene ife tinathawa. Mtendere utabwera anatulukira, akuluakulu anamusambitsa mankhwala, anawotcha zovala zake, namulandira. Kwa anthu ankati ankangosenza katundu. Koma amayi ndi ine anatiuza zoona, kuti mina za kuseri kwa dambo anakwirira nawo ndi manja ake, mfuti ili kumsana. Amayi anati nkhaniyo ithere m'nyumba, ndipo inatheradi m'nyumba.

Kum'mawa kutayamba kuyera, adzukulu anafika ndi makasu awo kudzafunsa pokumba. Adzukulu akwathu ndi anthu achipongwe. Pamaliro ena amavala chipewa cha malemu, kutengera kayendedwe kake, mpaka ofedwa kuseka misozi ili m'masaya. Tsiku limenelo anangoima. Amalume anawauza kuti akakumbe kumsewu.

Ine pakamwa panga sipachedwa. Ndinatuluka m'nyumba ndi kugwada patsogolo pawo, koma kugwadako kunali kwa mawondo okha. Ndinawafunsa ngati mlongo wawo anayenda ulendo wonse uja kuti adzagone pamene magalimoto azimuthira fumbi. Ndinawakumbutsa kuti mawu aja anawamva ndi makutu awo. Amalume anandiyankha modekha kuti sangakumbe manda amodzi kuti mawa akumbe atatu. Ndinali ndikutsegulanso pakamwa pamene ndinamuona mlongo wanga. Anali ataima pafupi ndi nkhokwe, chikuni chili paphewa, akundiyang'ana. Ndinatseka pakamwa, koma mawu anali atatuluka kale.

Ndinamutsatira kuseri kwa nkhokwe.

"Usayerekeze," ndinatero. "Ndinalankhula ndi chisoni chabe. Amayi apita, sakumva."

"Achemwali, inu mukudziwa kuti akumva."

"Anthu awa akakudziwa adzakupha."

Anatula chikuni chija bwinobwino, napita kukanong'oneza amalume kuti adzukulu adikire pang'ono.

Dzuwa linatuluka lofiira ndipo mphepo inalibe. Anthu anayamba kufika. Ena anabwera panjinga kuchokera kumidzi ya kutali, nkhuku zitamangidwa pachiwongolero. Azimayi ankayamba kulira akafika pamtengo wa mango wa polowera, n'kulowa m'nyumba, n'kutuluka akupukuta m'maso kukafunsa kumene kuli mitsuko. Amene tinakhala nawo ku Malawi anawoloka malire ndi timatumba ta ufa. Asodzi Asilamu a kunyanja ya Chiuta anafika atavala zipewa zawo zoyera, atanyamula dengu la milamba youma, chifukwa amayi ankawagulitsa chinangwa kuyambira kale. Mmodzi wa iwo, wachikulire, anayang'ana kumwamba nati kwawo maliro akanakhala ataikidwa kale, ndipo mitambo yakuda imene inkasonkhana kumpoto sinamusangalatse.

Kuseri kwa nyumba moto unali utayaka m'mafuwa ambiri. Amene ankayang'anira zophika anali mkazi wa bambo uja anaponda mina. Ndi mayi wamtali, wosalankhulalankhula, ndipo maliro alionse m'mudzi mwathu amagwira ndi iye. Ndinali pomwepo ndikusankha nyemba pamene mlongo wanga anafika ndi lichero. Amuna safika kumoto kwa azimayi, choncho onse anasiya zimene ankachita.

"Amayi, ndigawireniko phulusa."

"Phulusa la chiyani?"

"Ndikalembe njira ya ku manda akale."

Mayiyo anaika mthiko pansi. "Njirayo waidziwa bwanji iwe?"

Mlongo wanga anangowerama. Mayiyo anamuyang'ana nthawi yaitali, kenaka anayang'ana ine, ndipo ndinadziwa kuti wawerenga pankhope panga kuti ndinkadziwa. Manyazi ndi mantha zinandigwira pamodzi. Sanatukwane, sanalire. Anatenga phale, anapala phulusa m'mbali mwa mafuwa, nadzaza lichero lija mpaka pakamwa.

Nkhani inafika kwa amuna iye asanafike. Ena anaimirira. Ndinamva mawu akuti wakupha, ndi ena akuti takhala tikudya ndi njoka. Amalume anakhala pansi. Pakati pa adzukulu panali mng'ono wa bambo uja anaponda mina, mnyamata wa mapewa aakulu. Iye anakweza khasu lake paphewa nati, "Atsogole. Ikaphulika iyambe ndi iye. Ine ndili pambuyo pake."

Tinawaperekeza ndi maso mpaka kumapeto kwa dambo. Moto wolusa unali utadutsa m'tchiremo, choncho nthaka inali yakuda ndipo phulusa linkaoneka loyera bwino. Mlongo wanga ankayenda opanda nsapato. Ankaima, kuyang'ana chulu, kuyang'ana mtengo, n'kuponda, n'kuwaza phulusa kumbuyo kwake. Nthawi zina ankagwada ndi kupapasa nthaka ndi zala. Njirayo sinali yowongoka. Inkakhota pamene panalibe chifukwa chokhotera, ndipo aliyense woona ankadziwa chimene chinali pamenepo. Khasu la mnyamata uja linali pafupi kwambiri ndi mutu wake. Atalowa m'mitengo sitinawaonenso.

M'mawa wonse ndinasambitsa amayi ndi kuwaveka, koma makutu anga anali kudambo. Mwana wina anagwetsa chidebe panja, azimayi onse m'nyumba anakuwa. Sindinadziwe chimene ndinkaopa kwambiri, kumva kuphulika kapena kuona adzukulu akubwerera popanda iye. Dzuwa litapendeka anabwera awiri kudzati manda atha. Iye anatsala konko ndi ena aja.

Apa panabuka vuto limene palibe analiganizira. Bokosi limanyamulidwa ndi anthu mbali ziwiri, ndipo amuna amalandirana m'njira kuti aliyense agwireko. Koma njira ya phulusa inali ya phazi limodzi. Anthu anakangana, ena akuti atulutse mtembo aukulunge mumphasa. Asodzi aja ndi amene anatithandiza. Anabwereka nsungwi yaitali imene mnansi wathu amakankhira bwato, anamasula zingwe za panjinga zawo, namanga bokosi kunsi kwa nsungwiyo ndi mfundo zawo za paukonde. Motero amayi ananyamuka ngati ali m'machila, munthu mmodzi kutsogolo, wina kumbuyo, popanda wowalandira mpaka kumanda.

Anthu ambiri anatsalira pamphepete pa dambo, ndipo sindinawaimbe mlandu. Amene tinapita tinayenda mondondozana. Akatekisita anati ana onse atsale, ndipo aliyense ayang'ane pansi. Akwaya anayambitsa nyimbo, koma mzere unali wautali, akutsogolo ankamaliza ndime akumbuyo akuiyamba kumene, mpaka nyimbo inazilala yokha. Panatsala phokoso la mapazi ndi kulira kwa nsungwi. Mayi wina patsogolo panga anapunthwa, dzanja lake linagwa kunja kwa phulusa, ndipo tonse tinauma. Anadzuka pang'onopang'ono. Ine ndinalephera ngakhale kulira maliro a amayi anga, chifukwa misozi ikanandibisira njira.

Pamalo ena njira inakhota kwambiri kuzungulira dzenje losazama, pamene mina ija inaphulikira, m'mene udzu unali utayamba kumera. Nditacheuka ndinaona kuti mayi wa kumoto uja ali kumapeto kwa mzere. Anaima pamenepo kanthawi, kenaka anapitiriza.

M'kati mwa manda munalibe choopsa. Ngakhale a kutchire ankaopa kukumba pamene pagona akufa. Mlongo wanga anali ataima yekha pansi pa mtengo, thupi lonse lotuwa ndi phulusa, ndipo palibe anaima naye pafupi. Manda a agogo anawapeza, ndipo a amayi anakumbidwa m'mbali mwake. Akatekisita atangoyamba pemphero, mphepo yozizira inawomba, masamba ouma anauluka. Madontho oyamba anagwa bokosi likutsika. Mwambo wonse unafupikitsidwa. Amalume sanalankhule mawu a banja, adzukulu anakwirira mothamanga, ndipo mvula inatsika yonse, yoyamba ya chaka, yamphamvu.

Titafika pamene njira imayambira, phulusa kunalibe. Madzi akuda ankangoyenderera paliponse. Mayi wina anayamba kulira mokweza, mnyamata wina anafuna kuthamanga koma anamugwira malaya. Pamenepo mlongo wanga analankhula mokweza koyamba tsiku limenelo.

"Aliyense agwire chovala cha mnzake. Pondani pamene ndaponda ine. Matope akusonyezani."

Anapita kutsogolo, koma palibe anafuna kukhala woyamba kumugwira. Ine ndinali nditagwirira amalume, amene maso awo saona bwino. Tinaima mvula ikutimenya. Kenaka mayi wa kumoto uja anadutsa pakati pathu. Anagwira malaya a mlongo wanga ndi zala ziwiri, monga mmene munthu amanyamulira khoswe wakufa, nati, "Tiye."

Ulendo wobwerera unatalika kuposa wopita. Mapazi ake ankasiya zizindikiro m'matope, ife n'kumaika athu momwemo madzi asanadzaze. Penapake anaima nthawi yaitali, akupukuta madzi kumaso, akuyang'ana uku ndi uku. Chulu china chinali chitabisika ndi mvula. Ndinamuona milomo ikugwedezeka, ndipo ndinazindikira kuti sakukumbukira bwino. Anaponda. Palibe chinachitika. Anapondanso. Pamene tinafika padambo, anthu otsala aja anali akadali pomwepo, onyowa, ndipo anatiwerenga ndi maso mmodzimmodzi.

Kunyumba tinasamba m'manja ndi madzi a mankhwala monga mwa mwambo. Anthu anadya choimirira. Kwathu, maliro akaikidwa, abale ndi anansi amagona pasiwa mpaka tsiku lometa. Koma pamaliro a amayi aliyense anapeza chifukwa chochokera, wina mbuzi zake, wina denga lodontha. Mdzukulu wa mapewa aakulu uja anauza amalume kuti tikameta nkhaniyi idzakhala pabwalo, ndipo sananene mwaulemu. Msodzi wachikulire uja ananditengera pambali, nati bwato lake lili pagombe ngati mlongo wanga akufuna kuwolokera tsidya. Ndinamuuza mlongo wanga, ndinamuchonderera ndithu. Anangopukusa mutu.

Madzulo mvula inakata. Pabwalo panatsala mafuwa onyowa ndi mapazi a anthu m'matope. Amalume analowa m'nyumba osatilankhula. Ine ndi mlongo wanga tinakhala pakhonde, chakudya chili pakati pathu chosakhudzidwa. Ndinali ndi mkwiyo pa iye, pa ine mwini, ngakhale pa amayi amene anapeza malo awo n'kutisiya ife opanda athu.

Kukuyamba kuda, mayi uja anabwera kudzatenga mphika wake. Anausenza, anayenda pang'ono, naima osacheuka.

"Iwe."

Mlongo wanga anaimirira. "Wawa, amayi."

"Usaganize kuti zatha. Sizidzatha." Anakonza mphika pamutu. "Munda wa amuna anga uli kuseri kwa chulu chachikulu, m'tchire lomwe lija. Chibwerereni sindinaulime, ana anga akudya za m'minda ya anthu. Mvula ndi imeneyi yagwa. Mawa kukacha undipeze pakhomo."

Anapita. Mlongo wanga anakhalabe choimirira mpaka mayiyo atazimirira m'mitengo. Kenaka anakhala pansi, anakoka mbale, nayamba kudya pang'onopang'ono. Ine ndinalowa m'nyumba. Munali chete, mphasa ya amayi itachotsedwa, pansi posesedwa. Ndinakhala pamene ankagona, ndipo pamenepo m'pamene ndinayamba kuwalira, ndikudziwa kuti mawa makutu anga adzakhalanso kudambo.